Mayi amene ankakana kugona: lipoti la uphungu pambuyo pa namondwe wa Freddy

Lipoti ili ndi la mayi wina wa zaka za m'ma 30 amene ndakhala ndikuwapatsa uphungu kuyambira chakumapeto kwa chaka cha 2023. Dzina lawo, mpingo wawo ndi dera limene akukhala tsopano sinditchula, ndipo zina zing'onozing'ono ndazisintha dala kuti asazindikirike. Eni ake anavomera kuti nkhaniyi ilembedwe. Ndikulembera makamaka anzanga a m'zipatala ndi alangizi a m'madera, chifukwa odwala amene timawalemba m'kabuku kuti "sakumwa mankhwala" ndi ambiri, ndipo kawirikawiri timalekera pomwepo.

Mbiri ndi chimene chinawabweretsa

Mayiwa ankakhala m'munsi mwa phiri la Soche mumzinda wa Blantyre pamene namondwe wa Freddy anafika mu Malichi 2023. Mvula inagwa masiku angapo osakata, ndipo usiku wa Lamlungu kuchera Lolemba pa 13 Malichi matope ndi miyala zinatsika m'phirimo n'kukokolola nyumba za anthu. Amuna awo, omwe ndi mlonda, anali ku ntchito. Iwo anathawa ndi ana atatu: wakhanda kumbuyo, mtsikana wa zaka 10 patsogolo, ndi mnyamata wa zaka 6 atamugwira padzanja. Matope atawapeza, mnyamatayo anawapulumuka m'dzanja. Mpaka lero thupi lake silinapezeke. Ali m'gulu la anthu oposa 500 amene boma linalengeza kuti anasowa, kuwonjezera pa oposa 600 amene zinatsimikizika kuti anamwalira.

Banjali linakhala kaye pamsasa wa pasukulu ina, kenako linapeza nyumba ya lendi pamalo athyathyathya, kutali ndi phiri. Mu Okutobala, itagwa mvula ya chizimalupsa, mayiwa anapita kuchipatala chaching'ono akudandaula mutu, kugunda kwa mtima, kulemera pachifuwa ndi kusowa tulo. Anali ataonda, geni yawo ya tomato ataisiya. Malungo sanawapeze nawo, magazi anali okwanira, BP inali yokwererako pang'ono. Pa mafunso 20 a SRQ ofufuza kuvutika maganizo, amene bungwe la WHO linakonza ndipo tili nawo m'Chichewa, anayankha kuti inde pa ambiri. Anapatsidwa amitriptyline, mankhwala a matenda ovutika maganizo, woti azimwa pogona. Anamwa masiku owerengeka n'kusiya. Atabwereranso zinthu zitaipiraipira, anawatumiza kwa ine ndi mawu achidule m'kabuku: sakumwa mankhwala, akufunika uphungu.

Mnzanga amene anawaona koyamba anaona zoona. Zizindikiro za matenda ovutika maganizo zinalipo, za PTSD (kuvutika maganizo kotsatira zoopsa zimene munthu wadutsamo) zinalipo, komanso za chisoni chosatha, chimene buku la WHO la mayina a matenda, ICD-11, limachitenga ngati matenda chikapitirira miyezi 6 chikumulepheretsabe munthu kuchita zake. Ndinawafunsa mosazungulira ngati anaganizapo zodzipha. Anapukusa mutu. "Ine ndikafa, adokotala, akapezeka amulandira ndani?" Ndinalemba kuti chiopsezo n'chochepa pakadali pano, koma ndinalembanso kuti chimene chikuwagwira kuti akhale moyo ndi chiyembekezo chomwe abale awo akufuna kuti achitaye. Zimenezi zinadzakhala zofunika kutsogoloku.

Njira imene ndinatsata

Dzina la matenda limatiuza gulu limene munthu ali. Silitiuza kuti usiku wake umakhala wotani. Pa funso lachiwirili ndimatsamira kaganizidwe kotchedwa phenomenology, kamene Edmund Husserl anakakhazikitsa ku Germany kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900. Mfundo yake ndi yakuti usanathamangire kunena chimene chayambitsa chinthu, yamba waika pambali zimene ukudziwa kale, n'kulongosola chinthucho mmene chikuonekera kwa amene chikumuchitikira. Karl Jaspers, dokotala wa matenda a maganizo ku Heidelberg, ndiye anailowetsa m'chipatala mu 1913. Iye anasiyanitsa kupeza gwero la matenda, monga timachitira ndi malungo, ndi kumvetsa mmene zinthu zikulumikizirana m'moyo wa wodwala malinga ndi iye mwini. Zonse ziwiri n'zofunika, koma mzere ukatalika panja, chachiwirichi ndiye chimayamba kutayika.

Sindinafunse kuti "mwasiyiranji mankhwala?" Funso lotero limamveka ngati mlandu, ndipo munthu amayankha modzitchinjiriza. Ndinati, "Mayi, tandiuzani za usiku wathawu. Muyambire pamene munatseka chitseko." Akadumpha, ndinkawabweza: munakhala pati, munamva chiyani, thupi linkatani, kenako chinachitika n'chiyani. Mawu awo ndinkawalemba mmene atulukira, osawasandutsa a kuchipatala.

Zimene zinatuluka

Akagoneka ana pamphasa, iwo sankakwera pabedi. Ankayala chitenje pasimenti pafupi ndi chitseko n'kugona chammbali, khutu litagunda pansi. Nsapato za ana ankaziika m'jumbo limodzi ndi tochi ndi timabuku ta kuchipatala, jumbolo n'kulikoleka pachitseko. Chogunditsira khutu pansi n'chakuti usiku wa tsoka uja sanadzutsidwe ndi mvula ya padenga, yomwe inali itawazolowetsa kale. Chinawadzutsa ndi phokoso la m'nthaka, "ngati lole yodzaza ikudutsa kunsi kwa nyumba." Analimva, anadzambatuka, ndipo ana awiri ali moyo. Kwa iwo nkhani yonse yagona pamenepo: khutu lawo linapulumutsa awiri, ndipo likanamva msanga pang'ono likanapulumutsa atatu.

Apa m'pamene nkhani ya mankhwala inamveka. Amitriptyline amagonetsa, ndipo anawagonetsadi tulo tofa nato. M'mawa wina anatsegula chitseko n'kupeza pabwalo patanyowa. Mvula inagwa usiku iwo osamva kanthu. "Miyendo inazizira, adokotala. Ndinati ndikanapha enanso." Sanamwenso. Mankhwalawo anagwira ntchito yake bwinobwino, ndipo n'chifukwa chake anawasiya. Chimene ife tinkati kusowa tulo, iwo ankachitcha ulonda, ndipo sankafuna kuti wina awachiritse ulondawo. Amuna awo amachezera kulondera katundu wa eni. Usiku, munthu wamkulu m'nyumbamo anali iwo okha. Ndikanawabwerezera malangizo a kamwedwe ka mankhwala, akanavomera mwaulemu n'kukaika mapiritsiwo pansi pa sutikesi.

Nthaka nayo inali itasintha. Tonsefe timayenda osaganiza n'komwe ngati pansi pagwira, ndipo kudalira kumeneko kumakhala m'miyendo munthu asanakuganize. Mayiwa kunawachokera. Akaponda dothi lonyowa mawondo ankalobodoka maganizo asanabwere. Muofesi mwanga ankavula patapata n'kuponda simenti ndi phazi lonse. Kuwauza kuti kumene akukhala tsopano kulibe phiri kunali kuwauza zimene akudziwa kale. Phiri la Soche nalo linali chikhalire zaka zonse, anthu akulima ndi kumanga m'mbali mwake, ndipo iwo sanaliopepo.

Za nthawi ananena okha ndisanafunse. "Anthu akuti papita miyezi. Kwa ine sikunache." Tsiku ndi mwezi ankazidziwa bwino, mutu unali wolongosoka. Koma ndikawafunsa za sabata ya mawa, kapena za yunifolomu ya mtsikana uja teremu ikubwerayi, ankangoti kukamwa yasa, ngati ndafunsa za dziko lina. Eugène Minkowski, dokotala wa ku France, analemba mu 1923 za wodwala wa zaka 66 amene anakhala naye nyumba imodzi usana ndi usiku kwa miyezi iwiri. Bamboyo tsiku lililonse ankanena kuti usiku womwewo aphedwa. Kukacha ali moyo, sankaphunzirapo kanthu; ankangoti ndiye ndi lero. Minkowski anaona kuti chosweka mwa munthuyo chinali kumva kuti moyo ukupita kutsogolo, ndipo masiku ake anali ataleka kulumikizana. Matenda a mayiwa ndi ena, ndipo iwo sankakhulupirira zinthu zosatheka. Koma mawa linali lotsekeka chimodzimodzi, ndipo izi zinandimasulira nkhani ya geni. Pafomu tikanachonga kuti "sakusangalalanso ndi zimene ankachita kale." Iwo ankaikondabe geni yawo. Kungoti kupikula dengu la tomato lero kumafuna munthu wokhulupirira kuti mawa ndi mkuja kudzacha, adzagulitsa asanaole.

Chimene ndinachedwa nacho kwambiri ndi dzanja lawo lamanja. Nthawi yonse yocheza linkakhala pamwendo litafumbata, osati mwamphamvu ngati nkhonya, koma mosiya kampata pakati, kokwana dzanja la mwana. Ndinadikira mpaka titazolowerana ndisanalitchule. Nditawafunsa kuti dzanjalo limamva chiyani, analiyang'ana nthawi yaitali. Anati limatentha mkati, ndipo nthawi zina limamva kuterera kwa matope ndi tizala tikusololoka. Nsima anayamba kuvundula ndi lamanzere, chifukwa kugwira mthiko ndi lamanja kumafuna kuti ayambe alitambasula. Powoloka msewu, dzanjalo limatsika lokha kufuna mwana wa msinkhu uja. "Mutu ukudziwa kuti mwina anapita," anatero. "Koma dzanjali palibe analiuza."

Maurice Merleau-Ponty, katswiri wa phenomenology wa ku France, mu 1945 analemba za anthu odulidwa mwendo amene amaumvabe mpaka kudzuka kuti aupondere. Iye ankati thupi lathu limakhala lolunjika ku dziko limene linazolowera, ndipo limapitiriza kufikira zinthu za m'dzikomo ngakhale zitachoka. Anayerekezanso ndi imfa ya mnzathu, yomwe timaimva zenizeni pa nthawi imene tikuyembekeza kuti atiyankha, n'kupeza kuti yankho silidzabweranso. Sindinawauze mayiwa za Merleau-Ponty. Chimene maphunzirowo anandithandiza n'chakuti ndisalitenge dzanjalo ngati chizolowezi choipa choti tichithetse ndi masewero otambasula zala. Mmenemo ndi mmene munatsala mwana wawo.

Kenako panali nkhani ya maliro. Anzawo amene matupi a abale awo anapezeka anakhala pasiwa, analandira chipepeso, anaika maliro, anameta. Anthu ankadziwa mowalonjera. Mayiwa sanali anamfedwa, komanso sanali mayi wa ana atatu amoyo. Amayi a kumpingo ankabwera, koma ankasowa choti anene: apepese kapena alimbikitse kuti apezeka? Ena analeka kubwera, osati chifukwa cha nkhanza, koma manyazi a kusowa mawu. Pauline Boss, katswiri wa za mabanja wa ku Minnesota ku America, anafufuza zimenezi m'zaka za m'ma 1970 pa mabanja a asilikali a ndege a ku America amene anasowa ku nkhondo ya ku Vietnam, ndipo anapeza kuti kutaya munthu popanda umboni wa imfa kumaumitsa chisoni pamalo amodzi, chifukwa munthu sangalire mpaka kumaliza pamene khomo likadali lotsegula. Amalume awo ndi akuchimuna anagwirizana zoti akwirire thunthu la nthochi m'malo mwa thupi kuti mwambo uthe, mzimu wa mwana uuse. Mayiwa anakanitsitsa. Kwa abalewo, kukana kumeneku kunali kuuma mutu ndi kuzunza mwana. Kwa iwo, kukwirira nthochi kunali kumutaya kachiwiri, ulendo uno mwadala, anthu akuona.

Zimene tinachita

Sitinayambe ndi tulo. Tinayamba ndi ulonda, n'kuuvomereza kuti ndi ntchito yoyenera kugwiridwa, kenako n'kufunsa ngati ingagawidwe. Mng'ono wawo anabwera kuchokera kumudzi, ndipo anagwirizana zolandizana: mayiwa kuyambira madzulo mpaka pakati pa usiku, mng'onoyo mpaka tambala woyamba. Masiku amene bambo ali pa ofu, ankatenga gawo lawo. Poyamba mayiwa ankangonamizira kugona pa nthawi ya mnzawo, akumvetsera ngati akumvetseradi. Anamuphunzitsa phokoso loti azilitchera khutu, ndipo atakhutira kuti wamva, tulo tinayamba kubwera pang'onopang'ono. Tinagwirizananso kuti azimvera zanyengo pawailesi madzulo aliwonse. Usiku umene a nthambi ya zanyengo achenjeza za mvula yamphamvu, iwo achezere ngati akufuna, adzagone masana. Jumbo la pachitseko sindinaliletse. Kukonzekera kuthawa si matenda kwa munthu amene anathawapo.

Za mankhwala ndinakambirana ndi dokotala, ndipo anawasinthira ku fluoxetine womwa m'mawa. Tinawafotokozera momveka kuti ameneyu sagonetsa ngati woyamba uja, kuti masiku oyamba angawasokoneze m'mimba kapena tulo, ndiponso kuti phindu lake limaoneka patapita masabata. Funso lawo linali limodzi: "Ndizimva?" Atatsimikiziridwa, anamwa mosadumphitsa. Ndikunena izi chifukwa ena amaganiza kuti njira yomvetsera munthu imadana ndi mapiritsi. Ayi. Mayiwa ankafunika mankhwala, ndipo kumvetsa usiku wawo ndi kumene kunapeza mankhwala amene akanatha kumwa.

Tulo titayamba kukhazikika, tinalowa m'nkhani ya usiku wa namondwe motsata njira ya narrative exposure therapy, yomwe inakonzedwa ndi akatswiri a ku Konstanz ku Germany pothandiza othawa nkhondo. M'njirayi mumayala chingwe pansi kuimira moyo wa munthu, n'kumaika maluwa pa zokoma ndi miyala pa zowawa. Kwa munthu amene miyala inamugwetsera nyumba, ndinafunsa kaye chimene angafune kugwiritsa ntchito. Anasankha makala. Phindu lalikulu la chingwecho linali loti usiku uja unapeza malo ake: kumbuyo kwake kunali ubwana wawo, ukwati, kubadwa kwa mnyamatayo, kutsogolo kwake kunali msasa, nyumba ya lendi, ndi chingwe china chokulungidwa chimene sichinayalidwe. Anafunsa kuti chotsalacho n'cha chiyani. Nditawauza kuti ndi masiku amene sanafike, anachigwira ndi dzanja lamanzere n'kuchiyeza kutalika.

Pa nkhani ya nthochi ndinaitana bambo, amalume ndi mkulu wa mpingo amene mayiwa anamusankha okha. Sindinaweruze kuti wolondola ndani. Mwambowo uli ndi nzeru yake, ndipo mabanja ena unawathandiza. Koma ndinawauza abalewo, mayiwa atandilola, kuti chiyembekezo chimene akufuna kuchikwirira ndi chomwe chikuwasunga moyo, choncho chisachotsedwe mokakamiza. Amalumewo anakhala duu, kenako anati, "Ndiye ife tizingokhala osadziwa kuti tili pamaliro kapena ayi?" Funsolo linali loona, ndipo panalibe amene akanaliyankha. Chimene anagwirizana n'chakuti mu Malichi 2024 achite mapemphero pamalo pamene panali nyumba, atchule dzina la mwana, anthu apepese, koma pasakumbidwe manda. Amalume sanakhutire kwenikweni. Anabwerabe.

Mmene zinthu zinayendera

Pofika pakati pa chaka cha 2024 mutu ndi kugunda kwa mtima zinali zitachepa, thupi linabwerera, ndipo mayankho a inde pa SRQ anatsika kwambiri. Geni anayambiranso, koma ya nyemba ndi usipa wouma, zinthu zodikira munthu. Tomato sanabwerereko.

Kusinthaku sitingakuwerengere ku uphungu wokha. Dzinja la 2023 mpaka 2024 linali la El Niño, mvula inadula nthawi yaitali, mpaka mu Malichi 2024 boma linalengeza kuti m'maboma 23 mwa 28 muli ngozi ya chilala. Munthu woopa mvula anapeza mpumulo umene sitinaupereke ife. Ndipo mpumulowo unabwera ndi katundu wake. Tsiku lina anandiuza motsitsa mawu kuti kutchalitchi anthu akamapempherera mvula, iwo amatseka pakamwa, ndipo kumwamba kukakhala kuli mbee mtima wawo umakondwa pamene chimanga cha amayi awo kumudzi chikufota. Ankadziona ngati mfiti. Palibe fomu imene ikanafunsa zimenezo, koma zinkawadya kuposa mutu uja. Tinazikambirana nthawi yaitali, mpaka anafika poti angathe kufunira amayi awo mvula ndi kuiopa nthawi yomweyo, popanda china kufafaniza chinzake.

Mayeso enieni anabwera mu Disembala 2024 ndi namondwe wa Chido. Anachezera usiku wonse wa chenjezo, jumbo lili m'manja, ndipo kwa masiku angapo anabwerera pasimenti. Koma sanasiye mankhwala, sanatseke geni, ndipo anabwera okha kudzanena tsiku lawo lisanakwane. Mng'ono wawo anali atabwerera kumudzi, choncho tinakonza zoti mayiwa azimuimbira foni mayi wina woyandikana nawo usiku wa mvula yamphamvu.

Dzanja lamanja limafumbatabe, makamaka akatopa kapena akaona ana a sitandade 1 akuweruka. Nsima akuvundula ndi lamanja tsopano. Za thunthu la nthochi sanasinthe maganizo, ndipo ine sindikuona chifukwa cha kuchipatala chowasinthira. Mtsikana wamkulu uja, yemwe anali patsogolo usiku umenewo ndipo sanacheuke, tinamulumikiza ndi mlangizi wa ana, chifukwa kusukulu anayamba kubwerera m'mbuyo ndipo salankhula za mchimwene wake.

Amene akundidetsa nkhawa tsopano ndi bambo. Pamsonkhano wa banja uja sanayankhule kupatula moni. Mayiwa akuti akaweruka m'mawa amayamba adzera kokamwa kachasu, zomwe kale sankachita, ndipo anawamvapo kamodzi akunena kuti usiku umene mwana wawo ankakokoloka iwo anali kulondera galimoto za anthu. Ndawaitana kudzera mwa akazi awo ndi mwa mkulu wa mpingo, koma sanabwere. Ndapempha mnzanga wachibambo kuti akawapeze kunyumba masana a tsiku la ofu. Mayiwa ndidzawaonanso mvula yoyamba isanagwe, ndipo za mankhwala tidzaunika ndi dokotala dzinja likatha.